Mphamvu za makhoti a ku India zoimitsa kafukufuku wa apolisi

Ku India, kufufuza milandu ndi ntchito imene lamulo linapereka kwa apolisi, ndipo khoti sililowererapo chisawawa. Munthu akakadandaula za mlandu waukulu, apolisi amalemba lipoti loyamba lotchedwa FIR n'kuyamba kufufuza osadikira chilolezo cha majisitireti. Woganiziridwa amene akuona kuti akungomusemera chinyau atha kukapempha Khoti Lalikulu la m'chigawo chake kuti lifafanize lipotilo.

Maziko a nkhaniyi anaikidwa mu 1944, dzikolo lili pansi pa Angerezi, pa mlandu wa Khwaja Nazir Ahmad. Khoti Lalikulu la ku Lahore linali litaimitsa kafukufuku, koma oweruza a Privy Council ku London anathetsa chigamulocho. Iwo anati ntchito ya apolisi ndi ya khoti zimathandizana, koma aliyense ayende m'malire ake.

Mlandu umene maloya amautchula kwambiri ndi wa Bhajan Lal, yemwe anakhalapo nduna yaikulu ya chigawo cha Haryana. Mu 1987, mpando uli m'manja mwa mdani wake pa ndale, Devi Lal, apolisi anamutsegulira mlandu wakuti anapeza chuma mwa katangale. Khoti Lalikulu la Punjab ndi Haryana linafafaniza lipotilo, koma mu 1990 Khoti la Suprimu linalibwezeretsa. Komabe linathetsa kafukufuku amene anali atayambika, poti wapolisi wofufuzayo sanapatsidwe chilolezo motsatira lamulo la ziphuphu, ndipo linalola boma kuti liyambe kufufuza mwatsopano. Pomwepo linatchula mitundu 7 ya nkhani zimene khoti lingalowererepo. Mwa izo muli dandaulo limene, ngakhale zonse zolembedwamo zitakhala zoona, silisonyeza mlandu uliwonse. Mulinso dandaulo losamveka moti munthu wanzeru zake sangalikhulupirire. Muli mlandu umene lamulo limaletsa kuuzenga. Komanso muli mlandu wongotsegulidwa pofuna kubwezera chidani. Kuyeza ngati mboni zikunena zoona si ntchito ya pa nthawi imeneyi. Zimenezo zimadikira kuti mlandu uzengedwe.

Mu 2021, pa mlandu wa Neeharika Infrastructure, khoti lomweli linadzudzula chizolowezi chopereka ziletso zakuti apolisi asamange munthu, woweruza osalembapo zifukwa. Akuopa kumangidwa, linatero khotilo, akapemphe belo yoperekedwa munthu asanamangidwe. Zigamulo zimenezi zingakhale zitachepetsako kulowerera kwa makhoti, ngakhale mapempho akadali ambiri.

Ambiri mwa mapemphowa amachokera m'mabanja ndi pa malonda: mkangano wa ngongole umene wina wauveka malaya a mlandu wa chinyengo, kapena mkazi amene wasumira mwamuna pamodzi ndi apongozi ndi alamu omwe amakhala kutali. Chigamulo cha 2012 pa mlandu wa Gian Singh chinalola kuti nkhani zoterezi zithetsedwe eni ake akagwirizana, koma osati milandu ya kupha kapena kugwiririra.

Kwa zaka zambiri maloya ankangotchula pempholi ndi nambala, kuti 482, kuchokera pa gawo la lamulo la kazengedwe ka milandu la 1973. Pa 1 Julayi 2024 lamulo latsopano linayamba kugwira ntchito, ndipo mphamvuyi inasamukira pa gawo 528. Chosokoneza n'chakuti nambala 482 ikadalimo, koma tsopano ndi ya belo ija yoperekedwa munthu asanamangidwe, imene kale inali pa gawo 438.