Kucokera ku Galimoto Kufika ku Cilembo: Mbiri ya Kujambula ndi Mizere pa Kompyuta

Pali njira ziŵiri zimene kompyuta imasungira cithunzi. Yoyamba ndiyo kucigaŵa m'timadontho tambirimbiri, ndipo cithunzi cotere cikakulitsidwa m'mbali mwake mumaoneka manomano. Yaciŵiri, imene akatswiri amaicha vector, ndiyo kusunga malangizo okha: mzere uyambire apa, upindike motere, uthere apo. Popeza kompyuta imajambulanso mzerewo nthaŵi iliyonse, cithunzi cimakhala cosalala, kaya cikule kaya cicepe. Tifuna kulondola mbiri ya njira yaciŵiriyi cifukwa zilembo zimene timasindikizira mabuku athu zimasungidwa motero.

Gwero lake silili m'nyumba yosindikiziramo mabuku ayi, koma m'mafakitale a galimoto ku France. Mu 1959 Paul de Casteljau wa ku Citroën anapeza masamu ofotokozera kupindika kwa thupi la galimoto. Kampaniyo inabisa nzeruyi, motero mizereyo inachuka ndi dzina la Pierre Bézier wa ku Renault, amene anafalitsa zake poyera. Mzere wotere umalamulidwa ndi mfundo zinai: ziŵiri zimasonyeza poyambira ndi pothera, zina ziŵiri zimaukoka monga cingwe cikokera uta. Ku America, mu 1963, Ivan Sutherland anaonetsa Sketchpad, pulogalamu imene munthu ankajambulira mizere pagalasi la kompyuta ndi colembera ca kuwala.

Ulalo wa pakati pa masamuwa ndi zilembo unamangidwa ndi John Warnock ndi Charles Geschke, amene anayambitsa Adobe mu 1982. PostScript yao ya 1984 inayamba kuona cilembo ciliconse monga mkombero wa mizere ya Bézier wodzazidwa ndi inki. Mapulogalamu ojambulira anatsatana pambuyo pake: Illustrator mu 1987, FreeHand mu 1988, CorelDRAW mu 1989. Koma kwa ife a zinenero, yofunika koposa inali Fontographer ya 1986, ngakhale kuti olemba mbiri saikumbukira kaŵirikaŵiri. Inapatsa munthu wamba mphamvu imene kale inali ya osula zilembo zacitsulo okha.

Tiyeni titenge cilembo ŵ, ca m'mau monga nthaŵi ndi Malaŵi, kapenanso ŋ wa m'Cibemba. Zilembozi munalibe m'mindandanda yofala ya masiku amenewo, imene inali ndi malo osapitirira 256. Wolemba pa taipi ankaika kacipewa ka ŵ ndi dzanja. Wokhala ndi pulogalamu yojambulira akanatha kujambula ŵ wake ndi kumukhazika pamalo pa cilembo cina cimene sanali kucifuna. Papepala zinali bwino ndithu. Koma cikalata comweco cikatsegulidwa pa kompyuta ina yopanda zilembozo, mlendo uja anali kucoka, mwini malo nkubwerera, mau nkusokonekera.

Apa ndi pamene tiona kuti kujambula cilembo ndi kucipatsa malo odziŵika ndi nchito ziŵiri zosiyana. Yaciŵiriyi inagwiridwa ndi Unicode, imene inayamba kufalitsidwa mu 1991: ŵ ali ndi nambala yake, U+0175, imene timagaŵana ndi anthu a ku Wales, pakuti naonso amalemba cilemboci. Zida zojambulira nazo zatsika mtengo. SVG inavomerezedwa mu 2001, ndipo Inkscape, imene inayamba mu 2003, ndi yaulere. Komabe zolemba zimene zinasungidwa m'zilembo zongodzipangira zija sizinakonzeke zokha. Wophunzira wofufuza mau oti "kudziŵa" m'cikalata cotere sadzawapeza, kufikira wina atakhala pansi ndi kubwezera cilembo ciliconse pa nambala yake.