Chiguduli, phulusa ndi akazi olira: kodi maliro a m'Baibulo anachokera kuti?

Makalata ambiri a sabata ino akufunsa za kaliridwe ka maliro m'Chipangano Chakale. Tasankhapo anayi.

Funso: Kutchalitchi timamva za kuvala chiguduli ndi kudzithira phulusa. Kodi chiguduli chinali chovala chotani, ndipo kodi ndi Aisiraeli amene anayambitsa mwambowu? (Wowerenga wa ku Ntcheu)

Yankho: Chiguduli inali nsalu yokhakhala, yakuda, yolukidwa ndi ubweya wa mbuzi, imene ankasokera matumba a tirigu. N'chifukwa chake m'Chiheberi thumba ndi chovala cha namfedwa zili ndi dzina limodzi, lakuti saq. Chimene Yakobo anamanga m'chiuno atamva kuti Yosefe wajiwa ndi chilombo, ndi matumba amene ana ake anakatengeramo chakudya ku Ejipito, zonse zikutchedwa ndi dzina lomwelo. Dzinali layenda ulendo wautali. Agiriki analitenga kwa anthu a zilankhulo zapachibale ndi Chiheberi n'kumati sakkos, Aroma anati saccus, ndipo Azungu analifikitsa kuno. Saka limene mumathiramo chimanga ndi chidzukulu cha mawu amenewa.

Mwambowo Aisiraeli anachita kuupeza. Mu 1928 mlimi wina wa pafupi ndi Ras Shamra, m'mbali mwa nyanja ku Syria, anagunda mwala wa manda akale akulima. Chaka chotsatira akatswiri a ku France, motsogozedwa ndi Claude Schaeffer, anayamba kufukula, ndipo anapeza mzinda wa Ugarit, umene unapasuka zaka pafupifupi 1,200 Khristu asanabadwe, Mfumu Davide kulibe. Pa mapale adongo a kumeneko panalembedwa nthano ya imfa ya Baala. Mulungu wawo wamkulu, El, atalandira uthengawo, anatsika pa mpando wake n'kukhala pa chopondera mapazi, kenako pansi penipeni, anadzithira dothi kumutu ndi kudzicheka ndi mwala kumaso, m'mikono ndi pachifuwa. Ku Byblos, m'dziko la Lebanon, kunapezeka bokosi lamwala la Mfumu Ahiram lokhala ndi zithunzi za akazi olira, ena manja kumutu, ena akudziguguda pachifuwa. Lero bokosilo lili m'nyumba yosungira zakale ku Beirut.

Choncho Yobu pokhala paphulusa, ndi anzake atatu pong'amba zovala n'kukhala naye pansi masiku 7 osayankhula, ankachita zimene Mkanani aliyense akanazimvetsa popanda womasulira. Namfedwa ankadzitsitsa kufikira kumene kwapita womwalirayo. Wakufa sasamba, sadzola, sadya, ndipo wagona m'dothi, kotero otsala nawo ankasiya madzi, mafuta ndi chakudya n'kukhala m'dothi kwa kanthawi.

Funso: Kwathu timameta maliro. Ena amati mwambowu tinautenga m'Baibulo, ena amati Baibulo limaletsa. Zoona n'ziti? (Wowerenga wa ku Mchinji)

Yankho: Kumeta kwathu ndi kwa makolo, kunalipo amishonale asanabwere ndi Baibulo. Kagwiridwe kakenso n'kosiyana. Ife timameta patapita masiku maliro ataikidwa, pomasula anamfedwa. Yobu anameta mutu atangolandira uthenga wa imfa ya ana ake, ndiye kuti kwa iye kumeta kunali kulowa m'maliro.

Zakuti Baibulo limaletsa, zilipodi, koma ndi bwino kumva chimene chinaletsedwa. Deuteronomo 14 amaletsa kudzicheka ndi kumeta chipumi chifukwa cha akufa, Levitiko 19 amaletsanso kudzitema mphini za maliro. Zimenezi n'zomwe zija El anachita polira Baala, ndipo lamuloli linkafuna kusiyanitsa Aisiraeli ndi anansi awo. Mkulu wa ansembe sankaloledwa ngakhale kung'amba chovala chake. Koma anthu sankatsata lamulo nthawi zonse. Pa Yeremiya 41 timamva za amuna 80 ochokera ku Sekemu, Silo ndi Samariya amene ankapita ndi zopereka ku malo a kachisi atameta ndevu, atang'amba zovala ndi kudzicheka. Aneneri Amosi, Yesaya ndi Mika nawo amatchula mpala ngati chizindikiro cha maliro chodziwika kwa aliyense.

Panalinso maliro ena amene aneneri anakana kotheratu, olira mulungu wakufa. Ezekieli anaona m'masomphenya akazi atakhala pa chipata cha kumpoto cha kachisi akulira Tamuzi. Ameneyu ndi Dumuzi wa ku Mesopotamia, mulungu woweta nkhosa, mwamuna wa mulungu wamkazi Inanna, amene ankamulira chaka ndi chaka m'nyengo yotentha msipu ukauma. Chodabwitsa n'chakuti dzina lakelo linapulumuka: mpaka lero mwezi wina pa kalendala ya Ayuda ndi Tamuzi, dzina limene anabwera nalo kuchokera ku Babulo.

Chimene chinakhazikika ndi kung'amba zovala ndi kuwerenga masiku. Yosefe analira bambo ake masiku 7, Aroni ndi Mose anawalira masiku 30, ndipo Aejipito analira Yakobo masiku 70, mogwirizana ndi nthawi imene ankatenga pokonza ndi kukulunga mtembo kwawoko. Ayuda a lero amakhalabe pa mipando yaifupi masiku 7, mwambo wotchedwa shiva, amasunganso masiku 30, ndipo amang'amba malaya, kumanzere kumene kuli mtima ngati wamwalira ndi kholo, kumanja ngati ndi mbale wina.

Funso: Ndinamva kuti kale ankachita kulemba ganyu anthu olira pamaliro. Kodi si chinyengo chimenecho? (Wowerenga wa ku Chipata)

Yankho: Ankawalembadi, koma eni ake sankaona chinyengo, monga momwe ife sitinena kuti kwaya yoimba pasiwa ikunamiza anthu. Kulira inali ntchito yochita kuphunzira. Pa Yeremiya 9 mneneri akuitanitsa akazi aluso pa kulira kuti achititse anthu kugwetsa misozi, ndipo akuwauza kuti aphunzitse ana awo aakazi nyimbozo, popeza imfa idzachuluka kuposa oimba ake. Namfedwa weniweni nthawi zambiri amasowa chonena. Akaziwa ankamupatsa mawu, ankatchula ubwino wa womwalirayo, ndipo khamu linkavomera.

Ku Ejipito ntchitoyi inali ndi chiyambi chake m'chipembedzo. Akazi awiri ankaimira Isis ndi Nephthys, milungu yaikazi yapachibale imene inalira mulungu Osiris, ndipo ankatchedwa mphamba ziwiri, poti milunguyo ankati inasanduka mbalame zimenezi polira. M'manda a nduna Ramose, pafupi ndi Luxor, a zaka zoposa 3,300 zapitazo, muli chithunzi cha gulu la akazi, tsitsi lili nyankhalala, manja m'mwamba, misozi itajambulidwa m'masaya, ndipo pakati pawo pali atsikana aang'ono. Ku Mesopotamia kunali ansembe otchedwa gala, amene ankaimba madandaulo m'kayankhulidwe kapadera ka Chisumeri kotchedwa Emesal, komwe m'zolembedwa zawo kamayankhulidwa ndi milungu yaikazi. Cholinga chawo chinali kuziziritsa mtima wa mulungu wokwiya.

Mwa Ayuda mwambowu unakhalitsa. Yesu atafika kwa mkulu uja amene mwana wake wamkazi anamwalira, Mateyu akuti anapeza oimba zitoliro ndi khamu likubuma. Buku la malamulo a Ayuda lotchedwa Mishnah, la cha m'ma 200 AD, limanena kuti ngakhale mmphawi, mkazi wake akamwalira, apeze zitoliro zosachepera ziwiri ndi mkazi mmodzi wolira.

Nyimbo ya maliro m'Chiheberi ndi qinah. Yodziwika kwambiri ndi imene Davide anaimbira Sauli ndi Yonatani atafera pa phiri la Gilibowa. Mu 1882 katswiri wa ku Germany, Karl Budde, anaonetsa kuti ndakatulo zambiri za mtundu umenewu zimayenda motsimphina: theka loyamba la mzere limagunda katatu, lachiwiri kawiri, ngati munthu amene mawu amuthera pakhosi asanamalize. Aneneri anaigwiritsa ntchito nyimboyi modzidzimutsa anthu. Amosi anaimbira Isiraeli ya maliro dziko lili pamtendere, malonda akuyenda. Tangoganizani kumva nyimbo ya pasiwa ikutchula dzina lanu inu muli moyo.

Funso: Buku la Maliro silinena za imfa ya munthu mmodzi. Nanga bwanji limatchedwa Maliro, ndipo analemba ndani? (Wowerenga wa ku Blantyre)

Yankho: Wakufa wa m'bukuli ndi mzinda. Mu 587 kapena 586 BC asilikali a Nebukadinezara, mfumu ya Babulo, anagumula malinga a Yerusalemu, anatentha kachisi, natenga anthu ambiri ukapolo. Ndakatulo zisanu za m'bukuli zikulira tsoka limenelo, ndipo Yerusalemu akuoneka ngati mayi wamasiye wopanda womupepesa.

Kulirira mzinda nakonso kunayamba kale. Cha m'ma 2004 BC mzinda wa Ur, kummwera kwa Iraq wa lero, womwe buku la Genesis limati n'kwawo kwa Abrahamu, unagonjetsedwa ndi Aelamu, ndipo mfumu yake Ibbi-Sin inatengedwa ukapolo. Pambuyo pake alembi anapeka madandaulo a Ur, Nippur, Uruk ndi Eridu, ndi ena olira dziko la Sumer pamodzi ndi Ur. Madandaulo a Ur anamasuliridwa ndi kusindikizidwa ndi Samuel Noah Kramer mu 1940. Mukawayerekeza ndi buku la Maliro mupeza zofanana zambiri: mitembo m'misewu, njala, mabanja obalalika, nyumba yopatulika itasiyidwa ndi mwini wake, ndi mkazi wolira pabwinja. Pakati pa kugwa kwa mizinda iwiriyi pali zaka pafupifupi 1,400, koma ansembe a ku Mesopotamia anapitiriza kukopera ndi kuimba madandaulo a mtundu umenewu nthawi yonseyo.

Kusiyana kwake n'kumene kuli nkhani. Ku Ur wolirayo ndi mulungu wamkazi Ningal, amene anachonderera milungu ikuluikulu, An ndi Enlil, kuti isawononge mzinda wake, koma inakana. Mlandu unali pakati pa milungu yokhayokha. Ku Yerusalemu Mulungu ndi mmodzi, choncho amene wakantha ndi yemweyo woti amudandaulire. Wolemba amavomera kuti anthu anachimwa, komabe amauza Mulungu mosabisa kuti wachita ngati mdani, ndipo amamuonetsa ana akukomoka ndi njala m'makwalala.

Kamangidwe ka bukuli sikaoneka m'Chichewa. Alifabeti ya Chiheberi ili ndi malembo 22. Mitu 1, 2 ndi 4 ili ndi mavesi 22, vesi lililonse likuyamba ndi lembo lotsatira. Mutu 3 uli ndi mavesi 66, atatuatatu pa lembo limodzi. Mutu 5 uli ndi mavesi 22 koma sutsata malembo. Chisoni chimene chikanatha kumangosefukira anachiika m'mizere, kuti wolira adziwe poyambira ndi polekezera.

Za wolemba, bukulo silitchula dzina. Omasulira akale a Chigiriki anawonjezera mawu oyamba onena kuti ndi Yeremiya, ndipo 2 Mbiri 35 imati Yeremiya anapeka nyimbo yolira Mfumu Yosiya. M'Baibulo la Chiheberi, Maliro sali pambuyo pa Yeremiya monga m'lathu, ali m'gulu la Zolembedwa, ndipo akatswiri ambiri a lero amati olemba mwina anali angapo, mwa anthu otsala m'dzikomo.

Ayuda amawerenga bukuli chaka chilichonse usiku wa pa 9 mwezi wa Av, tsiku lokumbukira kugwa kwa kachisi woyamba, ndi kwa wachiwiri amene Aroma anawononga mu 70 AD. Amakhala pansi, atasala kudya, nyali zitachepetsedwa. Vesi lomaliza n'lowawa, chifukwa limasiya m'malere nkhani yoti kaya Mulungu wawataya kotheratu. Pachifukwachi wowerenga akamaliza, mpingo wonse umabwereza mokweza vesi la 21 la mutu 5, lopempha Mulungu kuti awabwezere kwa iye, kenako n'kutseka buku.