Chiyambi cha Sikelo ya Ana

Kale madokotala ankaona mwana pokhapokha atadwala, ndipo kawirikawiri nthawi inali itatha kale. M'chaka cha 1956 dokotala wa ku England, David Morley, anafika ku Ilesha m'dziko la Nigeria. M'mudzi wa Imesi-Ile, iye pamodzi ndi anamwino anayamba kuyeza ana mwezi ndi mwezi, nalemba kulemera kwao pa khadi. Anaona kuti mwana akaleka kukwera sikelo, makamaka atadwala chikuku, moyo wake uli pangozi. Khadilo analisiya m'manja mwa mayi, osati m'kabati ya chipatala. Motero mayi, ngakhale wosadziwa kuwerenga, ankadzionera yekha mzere ukukwera kapena kutsika, nathamangira kuchipatala nthawi ikadalipo. Mwambo umenewu unafalikira m'maiko ambiri a mu Africa, ndi ku Mozambique komwe.