Tinkaseka Chonong'ona

Masiku ano achinyamata amatumizirana nthabwala za atsogoleri pafoni popanda kucheuka. Ife amvulazakale tinkaseka chonong'ona.

M'nthawi ya chipani chimodzi, kuyambira 1966 mpaka 1993, nthabwala inali ngati kachasu: yophikira kuseri, yomwa ndi odziwana okhaokha. Chodabwitsa n'chakuti boma lomwelo ndilo linkatipatsa zoseka. Lamulo la mu 1973 linaletsa amayi kuvala mathalauzi, abambo kusunga tsitsi lalitali. Nyimbo ya Simon ndi Garfunkel yotchedwa "Cecilia" inaletsedwa poti dzinalo linali la Mama Kadzamira. A Youth League ankaima pachipata cha msika kufunsa khadi la chipani, ndipo mayi woyembekezera nthawi zina ankamugulitsa awiri.

Malume anga ankati, "Mwana wa kuno amayamba ngongole asanaone dzuwa." Akatero ankasuzumira kaye pazenera, ndiye n'kuseka. Sikuti anali amantha ayi. Anthu ankatsekeredwa ku Mikuyu popanda mlandu chifukwa cha pakamwa basi.

Zinthu zinayamba kutembenuka ndi kalata ya mabishopu ya pa 8 Malichi 1992. Pofika pa riferendamu ya pa 14 Juni 1993, chizindikiro cha chipani chimodzi chinali tambala wakuda, cha zipani zambiri chinali nyali. M'mawa wa tsikulo malume anati, "Tambalayu wakhala akulira kuti kwacha kuchokera 1964, koma kunja kukadali bii. Mphwanga, tiyeni tikayatse nyali."

Anayankhula ali pakhonde, mokweza, ndipo sanasuzumire paliponse. Kuseka kwa tsiku limenelo sindidzakuiwala.