Charles Shemu Joyah

Charles Shemu Joyah ndi Mmalawi wolemba ndi kutsogolera mafilimu. Anabadwira ku Zimbabwe, makolo awo ali ochokera ku Malawi, ndipo ntchito imene anaiphunzira ndi yoyeza malo. Mafilimu amapanga kudzera mu kampani yawo ya FirstDawn Arts, ndipo nkhani zake amalemba okha.

Mafilimu awo

Filimu yawo yoyamba, Seasons of a Life, ikukamba za Sungisa, mtsikana wantchito amene bwana wake anamupatsa pathupi. Mwanayo analeredwa ndi banja la bwanayo, koma patapita zaka Sungisa, ataphunzira zamalamulo, anabwerera kudzamenyera mwana wake kukhoti. Flora Suya ndiye anasewera Sungisa. Mu 2010 Tapiwa Gwaza analandira mphoto ya Africa Movie Academy Awards chifukwa cha gawo lake mu filimuyi.

Mu 2012 kunatuluka The Last Fishing Boat, yomwe inajambulidwa m'mbali mwa nyanja ku Mangochi, ndipo nyimbo zake zinapata mphoto ku Africa Movie Academy Awards mu 2013. Yachitatu, The Road to Sunrise ya 2017, ndi ya atsikana awiri oyendayenda mumzinda wa Blantyre. Mu 2018 inasankhidwa kukhala filimu yopambana ya kummwera kwa Africa pa mphoto za Africa Magic Viewers' Choice Awards ku Lagos, ndipo ndiyo yoyamba imene dziko la Malawi linatumiza ku mpikisano wa Oscar, ngakhale sinafike pa mndandanda womaliza.

Kalembedwe

A Joyah sathamangira mapeto a nkhani. Izi zikuoneka bwino mu The Last Fishing Boat, momwe Hope Chisanu anasewera Yusufu, msodzi amene kale anali munthu wotchuka koma tsopano nsomba zamuthera m'nyanja. Mwana wake Mustafa wasiya za usodzi, akungoperekeza alendo pagombe, ndipo mzungu wina woona malo waika maso pa mkazi wamng'ono wa Yusufu, Abiti Anefa. Woonera amapatsidwa nthawi yoyang'ana bwato lili pamchenga ndi nkhope ya bambo amene chuma ndi ulemu zikumutayika pamodzi. Mitala, ndalama za alendo ndi umphawi wa asodzi zimaonekera m'zochita za anthu a mu filimuyi, popanda wina kuimirira kuti alalikire.

Kufikira anthu

Mafilimuwa anadziwika kwambiri kudzera m'zikondwerero za mafilimu za kunja ndi m'maholo a m'mizinda. M'misika ya kumidzi, monga Chisemphere ku Kasungu, anthu amaonera kanema m'tizinyumba ta vidiyo, ndipo ofala kumeneko ndi mafilimu a nkhondo ndi karate omwe anyamata amawamasulira m'Chichewa mowonjezera nthabwala. Filimu yoyenda modekha imavutika kupeza malo m'tizinyumbati. Komabe ambiri amawawerengera a Joyah m'gulu la anthu amene anatsegulira mafilimu a ku Malawi khomo kunja kwa dziko.