Mbiya ya Ambuya Nayonso Ndi Mbiri ya ku Mambwe

Ndege ikatera ku Mfuwe, mumatuluka alendo onyamula makamera aakulu. Onse amathamangira nyalugwe, njovu ndi mkango. Zakhala choncho kuyambira mu 1950, pamene Norman Carr ndi mfumu Nsefu anatsegula msasa wa alendo, mpaka South Luangwa inakhala paki ya dziko mu 1972. Nyama zili ndi mabuku a zithunzi ambirimbiri. Nanga mayi wofulula mowa kuseri kwa nyumba, amene mbiya yake ili ndi mbiri yakale kuposa pakiyo, amamujambula ndani?

Akunda anakhazikika m'chigwa cha Luangwa m'zaka za m'ma 1800, motsogozedwa ndi Mambwe, amene dzina lake ndilo la bomali lero. Chifukwa cha ntchentche za kashembe, ng'ombe sizinkachita bwino kuno, choncho munda unkadalira khasu ndi manja. Wofuna kulima munda waukulu ankafulula mowa n'kuitana anzake kudima. Mowa unali malipiro. Unalinso nsembe kwa makolo, ndipo maliro ndi chinamwali sizinkatha popanda chipanda kuzungulira. Ngakhale pa Malaila, mwambo wa Akunda wokumbukira olimba mtima opha mkango, mowa sumasowa.

Luso lake linali la azimayi. Ambuya ankanyika mapira m'madzi, n'kuwafunditsa mpaka atamera, kenako kuwayanika ndi kuwasinja kukhala chimera. Phala likazizira pang'ono, ankathiramo chimeracho. Mawa lake ndi thobwa la ana, pakapita masiku ndi mowa wa akulu. Panalibe sikelo kapena buku: lilime ndi mphuno ndizo zinkauza munthu kuti wapsa. Mwana wamkazi ankaphunzira posonkhezera moto.

Kachasu anabwera pambuyo. Dzina lake likuchokera ku mawu a Chipwitikizi akuti cachaça, ndipo Apwitikizi ankachita malonda ku Zumbo, pamene Luangwa amathira mu Zambezi. Kenako kunabwera Chibuku cha m'mapaketi, ndi tujilijili timene boma linaletsa mu 2012 titawononga achinyamata ambiri. Mowa unachoka pamwambo n'kulowa m'thumba.

Sitikubisa kuti mowa wapasula mabanja. Koma ambiri a ife m'Lusaka ndi m'Chipata tinaphunzira ndi ndalama za mbiya, ngakhale timachita manyazi kunena.

Ofulula akale akutha, ndipo aliyense akamwalira amapita ndi muyeso wake. Sitifunika kudikira wojambula wochokera kutali. Ukapita kumudzi pa holide, khala pansi ndi ambuya, uwapemphe chilolezo, uyatse foni. Uwafunse amene anawaphunzitsa, nyimbo zimene ankaimba posinja, ndi mowa umene anafulula chaka chimene njovu zinadya mapira onse. Ulembenso dzina lawo pansi pa chithunzicho.