Hades, Mfumu ya Akufa Yosazenga Milandu

Munthu amene anakula akumva ulaliki wa ng'anjo ya moto akauzidwa kuti Agiriki akale anali ndi mulungu wa kunsi kwa nthaka, dzina lake Hades, amafulumira kumuyesa Satana, dziko lake n'kuliyesa Gehena. Chisokonezochi chili ndi gwero lake. Ayuda a ku Alexandria amene anayamba kumasulira Malemba Achihebri m'Chigiriki, m'zaka za m'ma 200 Khristu asanabadwe, anatenga dzina la Hades kuti liimire Sheol, dziko la akufa m'Chihebri, ndipo kuchokera pamenepo linalowa m'Chipangano Chatsopano. Koma umboni wakale kwambiri ukusonyeza kuti kwa Agiriki dziko la akufa poyamba silinali bwalo la milandu. Linali mudzi wa aliyense, wabwino ndi woipa yemwe, ndipo ganizo la chiweruzo linadza mochedwa.

Hades mwiniyo sanali mngelo wopanduka. Anali mbale wa Zeus ndi Poseidon, ndipo atatuwa atachita maere, Zeus anatenga thambo, Poseidon nyanja, iye mdima wa pansi. Anthu ankamuopa, ankapewa ngakhale kutchula dzina lake, koma ankamutchanso Plouton, mwini chuma, poti mbewu ndi miyala yamtengo zimachokera m'nthaka. Sankayenda n'kumanyenga anthu kuti achimwe. Ntchito yake inali yosunga amene afika. Mu Odyssey, ndakatulo ya Homer ya cha m'ma 700 Khristu asanabadwe, Odysseus akumba dzenje, aphera nkhosa pamenepo, ndipo mizimu imafunika kumwa magazi kuti nzeru zibwerere, iyankhule. Ayesa katatu kukumbatira mayi ake, Anticleia, koma agwira mphepo. Ngakhale Achilles, ngwazi ya nkhondo ya ku Troy, aonetsa kuti uganyu m'munda wa mmphawi padziko lino ungamukomere kuposa ufumu pakati pa akufa. Chomvetsa chisoni m'malo amenewa si moto ayi, koma kuzirala kwa moyo: kulibe mphamvu, kulibe kukoma kwa chakudya, kulibe dzuwa.

Wina anganene kuti m'ndakatulo yomweyo muli zilango zoopsa, ndipo akunena zoona. Tantalus aima m'madzi amene amaphwa akafuna kumwa, Sisyphus akankha chimwala chimene chimagubuduka chikayandikira pamwamba pa phiri, ndipo miimba ikudya chiwindi cha Tityos. Komabe tifunse kuti atatuwa analakwira yani. Tityos anafuna kugwirira Leto, mayi wa Apollo. Sisyphus anapusitsa imfa. Tantalus anachitira chipongwe milungu imene inkadya naye. Onsewa anaputa milungu mwachindunji, ndipo palibe khamu la akuba, achigololo kapena abodza limene likuzunzika pambali pawo. Minos nayenso alipo ndi ndodo yake yagolide, koma akuweruza mikangano ya akufa okhaokha, monga ankachitira ali mfumu ku Crete. Mphotho nayo sinkatsata khalidwe: Menelaus analonjezedwa malo okoma a Elysium chifukwa anakwatira Helen, mwana wa Zeus. Unali mwayi wa ukamwini basi.

Chimene Mgiriki wamba ankaopa kwambiri chinali kusaikidwa m'manda. Mu Iliad, ndakatulo ina ya Homer, mzimu wa Patroclus udzera bwenzi lake Achilles kutulo kudandaula kuti akufa anzake akuukaniza kuwoloka mtsinje chifukwa mwambo wa maliro sunachitike. Sewero la Sophocles lotchedwa Antigone lagona pa mtsikana amene alolera kufa kusiyana ndi kusiya mtembo wa mlongo wake pamtetete. Mantha amenewa sanali a m'nthano mokha. M'chaka cha 406 Khristu asanabadwe, asilikali a Athens anapambana nkhondo ya panyanja ku Arginusae, koma akuluakulu ankhondo asanu ndi mmodzi anaphedwa atabwerera kwawo, chifukwa namondwe atabuka sanapulumutse omira kapena kutola mitembo. Mzinda unapha atsogoleri opambana pa mlandu wotere! Ngakhale kandalama kamene ena ankaika m'kamwa mwa womwalira, kolipira Charon wopalasa bwato, kakusonyeza kuti chiphaso cha ulendowo chinali m'manja mwa abale otsala, osati m'mbiri ya womwalirayo.

Chiyembekezo cha malo abwinoko chinabwera kudzera mwa milungu yaikazi. Nthano imati Hades anaba Persephone, ndipo mayi wake Demeter, mwini dzinthu, anaumitsa minda mpaka Zeus analamula kuti mtsikanayo abwerere. Poti anali atadya njere ya chimanga cha chizungu kunsiko, anayenera kumakhalako gawo la chaka chilichonse. Pa nthano imeneyi panamangidwa chinamwali chachinsinsi cha ku Eleusis, pafupi ndi Athens, chimene chinkalandira amuna, akazi ndi akapolo omwe, bola akhale olankhula Chigiriki ndiponso osakhetsa magazi. Olowa ankalonjezedwa zabwino akadzafa, komabe mfungulo inali mwambo. N'chifukwa chake Diogenes, wanzeru uja wa pakamwa pakuthwa, akuti anadabwa kuti zingatheke bwanji mbala Pataikion kukapeza bwino kuposa Epaminondas, mtsogoleri wolemekezeka, kungoti mbalayo inalowa chinamwali. Timapepala tagolide topezeka m'manda a ku Hipponion ndi Thurii, kumwera kwa Italy, tikuchitira umboni zomwezo: tina timalangiza wakufa kasupe woyenera kumwapo ndi mawu oti akanene kwa alonda.

Kudandaula ngati kwa Diogenes ndiko kukusonyeza pamene maganizo anatembenukira. Alakatuli Pindar ndi Aeschylus anali atayamba kale kunena za kuwerengera zolakwa kunsi kwa nthaka, koma amene anamanga bwalo lathunthu ndi Plato, amene anamwalira cha m'ma 347 Khristu asanabadwe. M'buku lake la Gorgias, mizimu imaima yamaliseche, yopanda chuma kapena mboni, pamaso pa Rhadamanthys, Aeacus ndi Minos. Olungama amapita ku zilumba za odala, oipa ku Tartarus. Panapita zaka zoposa 300 kuchokera pa Homer kufika pamenepa, ndipo ngakhale m'bwalo la Plato, Hades mwini dziko sali pa mpando woweruza.